NGONGOLE YA NYUMBA: YAMBANI MWAWERENGA

Abale ndi alongo a kuno kwa Chowe, tonse tifuna nyumba ya malata, ndipo ena aganiza zokakongola ku banki ku Mangochi. Taonani masamu awa.

Tiyerekeze mwakongola K10,000,000 yobweza pa zaka 10, chiwongoladzanja chiri 25 pa 100 pa chaka. Mudzalipira pafupifupi K227,000 mwezi uliwonse. Mwezi woyamba K208,000 ndi chiwongoladzanja. K19,000 yokha ndiyo ichepetsa ngongole. Potsiriza mwapereka K27,000,000!

Mlimi akolola kamodzi pa chaka, koma banki siidikira masika. Mukalephera, nyumba imene munaika chikole igulitsidwa, ana nagona panja.

Chotero musasaine musanafunse ndalama zonse zobweza. Ngati thumba liri lochepa, umbani njerwa chaka chino, malata chaka chamawa. Pang'onopang'ono ndi mtolo.

Mlembi wa Nthambi