Bala lapola, koma mapepala asatayike

Munthu akabayidwa pachifuwa ndi mpeni, chitsulo kapena nyanga ya ng'ombe, timasangalala bala likapola. Koma tikamayendera odwala m'makomo timapeza ena akudandaulabe patapita miyezi: befu akakwera chitunda, kupweteka pachipsera, chifuwa chosatha. Chobayacho chikafika m'kati, mpweya kapena magazi zimadzaza malo ozungulira phapo, ndipo ngakhale madokotala atazichotsa ndi paipi, m'katimo mukhoza kutsala zipsera.

Zipatala zimalemba matenda ndi manambala a m'buku la World Health Organization lotchedwa ICD-10. Bala lotseguka la pachifuwa ndi S21, kuvulala kwa phapo kumalowa mu S27, pamene mavuto otsalira m'ziwalo za m'chifuwa ndi T91.4. Ku South Africa, komwe abale athu ambiri amagwira ntchito, a medical aid amafuna nambalayi pa bilu asanalipire, ndipo ikalakwika akhoza kukana.

Choncho tisunge buku lakuchipatala, kalata yotulukira ndi zithunzi za X-ray. Tikabwerera kwa dokotala, titchule bala lakale lija kuti alembe zoyenera. Kupuma kukavuta mwadzidzidzi, tisadikire kuti kuche, tithamangire kuchipatala.