Apolisi si ankhoswe

Mawu akuti "pitani mukakambirane kunyumba" avulaza amayi ambiri m'dziko muno. Nthawi zambiri amanenedwa mwaulemu, mwinanso ndi wapolisi wamtima wabwino amene sakufuna kuti banja lithe. Koma wouzidwayo ndi mayi amene wafika ku ofesi ya Victim Support Unit diso litatupa, mwana ali kumbuyo, ndipo kumene akumubwezako n'kumene kuli womumenya.

Sindikudana nako kuyanjanitsa. Banja likatha, pa nkhani ya fizi ya ana, ya nyumba imene anamanga awiri, ya tsiku loti bambo azidzaona ana ake, mkhalapakati wodziwa ntchito amathandiza kuposa chigamulo chodikirira miyezi. Pangano limene makolo apanga okha amalisunga. Ndiponso ngakhale Khoti Lalikulu lili ndi nthambi yoona za mabanja ndi chuma chamasiye, nkhani za anthu wamba zimathera kwa majisitireti, kumene mafayilo achita kuunjikana.

Koma kukambirana kumafuna anthu awiri amene aliyense angathe kukana. Mayi amene wakhala akumenyedwa zaka ndi zaka, mukamukhazika pa benchi limodzi ndi mwamunayo, achibale a kuchimuna atakhala chapafupi, adzavomera zilizonse. Adzanena kuti wakhululuka, adzapempha kuti mlandu uthe, chifukwa akudziwa amene amagula ufa, akudziwanso zimene zimuchitikire usiku akakana. Ndiye ife n'kumalemba m'buku kuti banja layanjana!

Chondipweteka n'chakuti lamulo lilipo. Lamulo loletsa nkhanza za m'banja la 2006 limalamula apolisi kuchitapo kanthu pa dandaulo lililonse. Limapatsa bwalo mphamvu yotulutsa chikalata choletsa wankhanza kumuyandikira wodandaula, ngakhalenso kumutulutsa m'nyumba kuti mayi ndi ana atsale. Ndi amayi angati amauzidwa zimenezi asanauzidwe kuti banja ndi kupirira? Kafukufuku wa boma wa 2015-16 anapeza kuti amayi 42 pa 100 alionse amene analowapo m'banja anachitidwapo nkhanza ndi amuna awo. Chiwerengero chotere sichingasiyidwe m'manja mwa ankhoswe okha.

Pa ana ndiye timasokoneza kwambiri. Kwa achikamwini amati ana ndi a kuchikazi, mwini mbumba ndiye mwini mawu. Kumene kuli lobola amati ng'ombe zinapita, ana ndi a kuchimuna. Gawo 23 la malamulo aakulu a dziko lino komanso lamulo loteteza ana la 2010 safunsa zimenezo. Amafunsa kumene mwana adzadye, adzaphunzire ndi kugona mopanda mantha. Mkhalapakati amene alola kuti mwana aperekedwe kwa bambo wankhanza pofuna kuti mkangano uzizire walakwira mwanayo, ngakhale onse m'chipindamo atamuombera m'manja.

Choncho apolisi ayambe afunsa mayiyo payekha, chitseko chotseka, ngati pali kumenyedwa kapena kuopsezedwa. Ngati zilipo, amutumize kuchipatala, atsegule fayilo, amuthandize kupeza chikalata cha chitetezo ndi kumulozera ku Legal Aid Bureau. Zokambirana za ana ndi katundu zidze pambuyo, ndipo pangano lililonse lilembedwe ndi kutsimikizidwa ndi bwalo, kuti bambo akasiya kupereka chithandizo cha ana, mayi akhale ndi pepala lokamusumira nalo.