Mphatso ya Burrell ndi Mzinda Wathu wa Lilongwe

M'chaka cha 1944 Sir William Burrell, mwini zombo zamalonda, pamodzi ndi mkazi wake Constance, anapatsa mzinda wa Glasgow zithunzi, nsalu ndi zosema zikwizikwi zimene anasonkhanitsa moyo wake wonse. Poopa utsi wa mafakitale, analamula kuti nyumba yosungiramo imangidwe mamailosi 16 kunja kwa mzinda. Lamulo limeneli linavutitsa akuluakulu a mzindawo, kotero kuti Burrell anamwalira mu 1958 nyumbayo isanamangidwe. Inatsegulidwa mu 1983 ku Pollok, lamulolo litafewetsedwa.

Nanga ife? Lilongwe ndi likulu la dziko chiyambire 1975, koma mphunzitsi wofuna kuonetsa ana ake zamakolo amayamba wafuna galimoto lopita ku Chichiri, kapena ku Mua, kumene Bambo Claude Boucher anayambitsa Kungoni mu 1976. Zosema zabwino zogulitsidwa ku Area 4 ndi pafupi ndi positi ofesi ya Old Town zimagulidwa ndi alendo, ndipo zikakwera ndege sizibwereranso.

Alipo eni chuma m'nyumba za ku Area 10 ndi Area 43 amene makoma awo adzaza ndi ntchito za amisiri athu. Sitikuwanena kuti ndi oumira. Munthu sangapereke chuma chotere asanaone denga losadontha ndi mlonda wokhulupirika. Boma silingasenze lokha katundu yense, pakuti zipatala ndi sukulu zikulidikira. Khonsolo ya mzinda ipatule malo tsopano, ndipo ilembe poyera mapangano olandirira mphatso zotere, opereka akali moyo.