Mzukwa wa Merit sunalakwe, musiyeni Nnebue

Mnzanga wina wophunzitsa Cingelezi ananena tsiku lina pa nthawi yopuma kuti mafilimu onse a mizukwa a ku Nigeria ndi zinyalala, ndipo amene anakumba dzalalo ndi Kenneth Nnebue. Anzathu anavomera. Belu linalira ndisanayankhe, ndiye ndiyankha pano.

Nnebue anali wamalonda, wogulitsa zipangizo zamagetsi. Mu 1992 anaika ndalama zake pa Living in Bondage, filimu ya m'Ciigbo imene inagulitsidwa pa makaseti a vidiyo kuti anthu aonerere kunyumba. Boma silinamuthandize. Lero mukafunsa kumene Nollywood inabadwira, ambiri amaloza pa kaseti imeneyo.

Koma ine sindikumuteteza cifukwa ca malonda. Kumbukirani nkhani yake. Andy Okeke watopa ndi umphawi mu Lagos. Alowa kagulu ka anthu olemera, apereka mkazi wake Merit ngati nsembe, ndalama ziyamba kubwera. Kenaka mzukwa wa Merit uyamba kumuonekera, osamupatsa mpumulo, mpaka acita misala. Tsono mfiti ndani m'nkhaniyi? Si gogo wa maso ofiira ndi utsi. Si mwana wamasiye. Ndi amuna a masuti ndi magalimoto, amene pa ukwati timawapatsa mpando wakutsogolo. Nigeria ya nthawiyo inali m'mavuto a cuma pambuyo pa mapulani a Babangida a 1986, ndipo anthu ankadabwa kuti ena akulemera bwanji usiku umodzi. Ife amene tinakula makolo athu akucotsedwa nchito pamene makampani a boma ankagulitsidwa m'zaka za a Chiluba, funso limenelo timalidziwa. Nnebue analipatsa nkhope. Zithunzi zake n'zosaoneka bwino, inde, ndipo mawu nthawi zina amamira, koma cala cake cinaloza m'mwamba.

Amene mnzangayo ayenera kukwiya naye ndi wina. Mu 1999 Helen Ukpabio, mlaliki wa ku Calabar, anatulutsa End of the Wicked, mmene ana amatuluka usiku kupita ku msonkhano wa mfiti ndi kukadya nyama ya anthu. Mu 2008 Channel 4 ya ku Britain inaonetsa ana a ku Akwa Ibom othamangitsidwa ndi kuzunzidwa powaganizira ufiti. Mayiyo amakana kuti mlandu ndi wake. Akane. Ine ndinakhalapo ndi mtsikana wa khunyu m'kalasi, amene anzake anasiya kukhala naye pa desiki atagwa kawiri. Nditawafunsa kuti zoti iye ndi mfiti anazitenga kuti, mmodzi anati, “Aticha, tinaona mu filimu.”

Kuika mafilimu awiriwa m'thumba limodzi cifukwa onse ali ndi zamizimu ndi ulesi, ndipo kwa munthu wophunzitsa ana kuwerenga nkhani, ndi manyazi. Rungano Nyoni, wobadwira mu Lusaka muno, anatenga nkhani ya ufiti yomweyo mu I Am Not a Witch ya 2017, naima kumbali ya kamtsikana Shula. Atalandira BAFTA tonse tinaomba m'manja, mnzanga uja akutsogolera. Koma Living in Bondage, wandiuza yekha, sanaionererepo mpaka kumapeto.