Wotha nkhalango ya Mulanje si wa nkhwangwa yekha

Ukaima pa Luchenza m'mawa n'kuyang'ana kum'mawa, phiri la Mulanje limaoneka ngati silingasinthe. Nsonga ya Sapitwa, yotalika mamita 3,002, ili pomwe inali kale. Koma nkhalango yomwe imaveka phirili ikutha, ndipo maganizo anga ndi akuti ife a m'tauni tili ndi mlandu waukulu kuposa anthu amene timawaloza chala.

Boma la atsamunda lidakhazikitsa nkhalango yotetezedwa ya Mulanje mu 1927. Bungwe la UNESCO lidaizindikira mu 2000, ndipo mu 2025 lidaika phirili pa mndandanda wa malo a chuma cha dziko lonse. Ulemu wonsewu sudapulumutse mkungudza, mtengo wa fuko lathu womwe mwachilengedwe umamera m'phiri lokhali. Kafukufuku wa mu 2017 adapeza mitengo ikuluikulu 7 yokha.

Phirili ndi nkhokwe ya madzi. Mitsinje ya Ruo, Likhubula, Lichenya ndi Thuchila imachokera mmenemo. Mitengo imagwira mvula ndi nkhungu ya chiperoni, n'kumatulutsa madziwo pang'onopang'ono mpaka m'chilimwe. Ikachoka, madzi amatsika nthawi imodzi atanyamula dothi ndi miyala. Amene adaona zomwe namondwe wa Freddy adachita ku Mulanje ndi ku Phalombe mu 2023 akudziwa ukali wa madzi otere. Nafenso a ku Thyolo tili ndi umboni pakhomo: nkhalango yambiri ya phiri la Thyolo idasanduka minda.

Tsono wolakwa ndani? Ambiri amati ndi wootcha makala. Koma bambo amene amakankha njinga ya matumba atatu usiku sadya makalawo. Amawabweretsa kwa ife, ndipo timamunenerera mtengo tisanagule. Matabwa a mkungudza nawonso sankathera m'midzi ya m'tsinde mwa phiri. Ankagulidwa ndi anthu a ndalama.

Ena anganene kuti chofunika n'kukhwimitsa chilango. Zoonadi, lamulo la nkhalango la 1997 lidakhwimitsidwa mu 2020, ndipo liyenera kugwira ntchito. Komabe kumanga munthu wopanda munda wokwanira, m'maboma omwe malo ambiri achonde ali pansi pa tiyi, sikuzimitsa mbaula ya pa Luchenza. Mawa kubwera wina ndi njinga yomweyo.

Choncho opindula ndi phirili ndiwo ayenera kulipira. Kuyambira mu 2019 madzi a Likhubula amamwedwa mpaka ku Blantyre. Bwanji gawo la ndalama za madziwo, pamodzi ndi za minda ya tiyi ndi za alendo okwera phiri, lisamapite kwa midzi yolondera nkhalango, kulima mbande ndi kuzimitsa moto wolusa? Munthu sawononga chomwe chikumudyetsa. Ifenso tigwiritse ntchito mbaula zosatha nkhuni ndi kudzala mitengo yathuyathu.

Madzi akatayika saoleka. Tisanatukwane wa nkhwangwa, tiyambe tafunsa komwe achokera makala ophikira nsima ya lero.