Akanema Aafupi ndi Nthano ya Kumadzulo kwa America

M'chaka cha 1893, mumzinda wa Chicago, katswiri wa mbiri yakale Frederick Jackson Turner anaimirira pamaso pa anzake nanena kuti mtundu wa America unaumbidwa ndi ulendo wolowera kumadzulo, kumene, m'kuona kwake, kunali dziko longodikira wolitenga. Ndipotu apo n'kuti zisanathe zaka zitatu chiphedwere anthu a mtundu wa Lakota ku Wounded Knee, amuna, akazi ndi ana omwe. Nthano ya Turner ija a ku Hollywood anaitola naiveka ulemerero. Mu 1939 John Ford anatulutsa kanema wotchedwa Stagecoach, wojambulidwa ku Monument Valley, m'dziko la a Navajo. Ndipo akanema otere anafika ngakhale kumigodi ya ku Copperbelt, kumene makolo athu ankaombera m'manja mnyamata wa pakavalo, osafunsa kuti wakugwayo anali mwana wa yani.

Amene anadza nalo funsolo ndi anthu opanda chuma, ojambula akanema a mphindi zowerengeka. Mu 1958 Bruce Conner anatolera zidutswa za mafilimu akale nazilumikiza m'kanema wotchedwa A Movie, m'mene liwiro la akavalo litsatidwa ndi ngozi za magalimoto ndi kuphulika kwa bomba la atomiki, kotero kuti woonera, amene anayamba ndi kuseka, amatsiriza ali duu, atazindikira kumene liwirolo likupita. Bruce Baillie, mu 1964, anaika dandaulo lake m'dongosolo la Misa, nalitcha Mass for the Dakota Sioux.

Koma ife mtima wathu uli pa Sky Hopinka, mwana wa mtundu wa Ho-Chunk, pakuti apa wolankhula ndi mwini maliro. M'kanema wake Jáaji Approx., wa mu 2015, mulibe mfuti, mulibe ngwazi; muli mawu ndi nyimbo za bambo wake, zimene Hopinka anajambula, zikumveka pamene misewu, mapiri ndi thambo zikudutsa pamaso pa woonera. Ena amadandaula kuti akanema otere ngozizira, alibe mutu ndi mchira. Komatu kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo kukumbukira kwa munthu sikuyenda pamzere. Ichi Hopinka anachionetsanso mu 2017, mu Dislocation Blues, m'mene anthu amene anakamanga misasa ku Standing Rock, pokana paipi ya mafuta, akusimba zimene anaona, uku akukayika, akubwereza, akudzikonza okha.