Ana asakhale chikole cha mkangano wa makolo

Banja likagwedezeka kuno kwa Kasisi, ambiri timayamba ndi ankhoswe, kenako a Shehe, zikavuta timafika kwa amfumu. Njira imeneyi ndi yabwino ndipo tisaitaye. Qur'an yolemekezeka, mu Sura An-Nisa ndime 35, imatilangiza kusankha nkhoswe wa kuchimuna ndi wa kuchikazi kuti ayanjanitse awiriwo. Komabe pali nkhani ziwiri zomwe tikuona kuti siziyenera kuthera pa mphasa ya pakhomo, zomwe ndi kumenyana komanso funso la yemwe asunge ana ukwati ukatha.

Kuno ku Chigwa cha Shire miyambo imasiyana. Kwa Asena, lobola ikaperekedwa ana amawerengedwa a kwa bambo, pamene kwa Amang'anja mphamvu ili kwa amalume. Ukwati wa mitundu iwiriyi ukatha, mbali iliyonse imakoka mwana ngati mbuzi ya chiwongo. Zotsatira zake timaziona m'kalasi. Mwana wa Fomu 2 amasowa teremu yonse chifukwa amutengera ku Nchalo kapena ku Nsanje.

Lamulo losamalira ndi kuteteza ana la chaka cha 2010 limalola kholo kapena wachibale kupempha bwalo la milandu ya ana kuti ligamule za kusunga mwana ndi chithandizo chake. Khoti silifunsa kuti lobola inali ng'ombe zingati. Limayang'ana chomwe chingamuchitire mwanayo ubwino, msinkhu wake, maganizo ake, komanso kuti asalekanitsidwe ndi abale ake. Makolo akagwirizana pamaso pa majisitireti, zimalembedwa, ndipo amene wazemba angathe kuitanidwanso. Pangano la pakamwa silikhala ndi mphamvu imeneyi.

Pa nkhanza, lamulo la chaka cha 2006 limapatsa khoti mphamvu yoletsa wankhanza kuyandikira yemwe akumuzunza, ngakhalenso kumutulutsa m'nyumba. Ku polisi ya Chikwawa kuli ofesi ya Victim Support Unit, komwe amamva madandaulo mwachinsinsi, kuyanjanitsa ngati nkhani ndi yoyanjanitsika, ndi kutumiza wovulala kuchipatala. Mwana amene ali pa chiopsezo angaimbe 116 mwaulere.

Tikudziwa zomwe ena a ife amanena, zoti kupita kukhoti ndi kuvula banja pagulu, komanso kuti ulendo wa ku boma umafuna ndalama ndipo milandu imachedwa. Zoonadi imachedwa, ndipo n'chifukwa chake tikuti mikangano ya ndiwo ndi nsanje izithera kwa ankhoswe. Koma mayi amene wathyoledwa mkono akabwezedwa kunyumba komweko ndi mawu akuti "pirirani", manyazi omwe tapewawo amawalipira ndi thupi lake, ana akuonerera.

Choncho tikupempha a komiti ya mzikiti kuti akamva nkhani ya magazi asamaisunge, aziperekeza wovulalayo ku polisi tsiku lomwelo. Makolo amene mwasiyana, lembetsani pangano la ana kukhoti kapena ku ofesi yoona za chisamaliro cha anthu mtima ukadali m'malo. Ndipo inu ophunzira, ngati kunyumba sikukugoneka, uzani mphunzitsi amene mumamukhulupirira. Kutero si kuneneza makolo anu.